Kapepala ka pa mfundo ya chitenje

Ma 04 a m'mawa

Foni inalira ma 04 a m'mawa, Loweruka lina m'mwezi wa June, kuli chisanu chija chimene chimatsika m'mapiri a Chipata n'kukupeza ngakhale uli m'mabulangete awiri. Nambala inali yachilendo. Nditayankha ndinamva mawu a mayi amene sindinkawadziwa: "Ndinu amalume a ana? Alongo anu ali kuno kwathu. Bwerani msanga."

Wa njinga yamoto ndinamupeza movutikira, ndipo anandilipiritsa kawiri mtengo wa masana. Alongo anga ndinawapeza atakhala pansi m'khitchini mwa aneba awo, pafupi ndi mbaula imene anawasonkhera. Diso lakumanzere linali litatsekeka ndi kutupa. M'khutu la mbali yomweyo munatuluka magazi amene anayenderera mpaka m'khosi n'kuumira momwemo. Atatsitsa chitenje ndinaona mizere kumsana, ina pamwamba pa inzake. Chinali chingwe cha ayironi.

Nkhani yake inali ya soya. Aliyense wa kuno kum'mawa akudziwa mmene mabanja amatenthera nyengo yokolola ikafika, masikelo akangoyamba kupachikidwa m'mitengo m'mbali mwa msewu. Munda analima awiri, kupalira anapalira alongo ndi ana, koma matumba anakagulitsa ndi alamu okha. Anasowa masiku atatu. Atabwera usiku wa Lachisanu, alongo anafunsa kuti ndalama ili kuti, popeza ana awiri analibe nsapato za kusukulu. Funso linali lomwelo basi.

Papita zaka zingapo. Za kumenyako ndinazolowera kuzikumbukira. Zimene zikundikanikabe kumeza ndi mphindi makumi awiri zimene tinakhala pa kauntala ya polisi m'mawa umenewo, ndi mawu atatu amene ndinanena ine potuluka.

Pa kauntala

Tinafika cha m'ma 07. Sinditchula kuti ndi positi iti, ndipo musandifunse. Pa benchi panali kale anthu: mnyamata wobedwa foni, bambo wina atanyamula kontena ya nsima yopita kwa m'bale wake m'selo, ndi amayi awiri amene anabwera atakangana za chilimba ndipo ankapitirizabe kukanganako monong'ona.

Ofisa wa pa kauntala anali munthu wachikulire, wa imvi m'mbali mwa makutu. Ndinene poyera kuti sanali wankhanza. Sanakalipe, sanatukwane, sanapemphe ndalama. Anali munthu wokoma pakamwa, wa mtundu uja umamupatsa mpando wakutsogolo pa maliro. Buku la OB, lolembamo madandaulo onse ofika pa polisi, linali lotsegula patsogolo pake, rula ili pakati, cholembera chili m'manja.

"Inde mayi, vuto n'chiyani?"

Alongo anayankha motsitsa mawu.

"Kwezani mawu mayi, sindikumva."

Anakweza. Amayi a chilimba aja analeka kukangana.

"Wakumenyani ndani?"

"Atate a ana."

Apa ofisa anaika cholembera pansi. Anachigoneka bwinobwino pambali pa rula, n'kutsamira kumbuyo. Cholembera chimenecho ndimachionabe. Pamene alongo ankanena kuti amenyedwa chinali chokonzeka kulemba. Atangotchula amene wawamenya, chinagona.

"Oho. Ndi za m'nyumba. Manje munawalakwira chiyani?"

"Ndinafunsa chabe za ndalama ya soya."

"Munafunsa bwanji? Pajatu pali kafunsidwe. Munthu wabwera usiku, watopa, mwina wamwako pang'ono, inu n'kumuchingamira ndi mafunso pakhomo."

Wina pa benchi anaseka, kenako n'kutsokomola kuti abise.

"Ankhoswe akudziwa?"

"Sindinawauze. Zachitika usiku."

"Mwaona? Mwadumpha ankhoswe, mwadumpha makolo, mwathamangira kuno. Ana alipo angati?"

"Anayi."

"Anayi. Mayi, ine ntchito ino ndayamba kale. Ndikawatsekera lero bambowa, Lolemba ndinu nomwe mudzagwada pano kulira kuti tiwatulutse, ana agona ndi njala. Ndaziona kambirimbiri."

Kenako anatembenukira kwa ine n'kufunsa kuti ndine ndani wawo. Nditanena kuti ndine mlongo wawo, nkhope yake inamasuka ngati munthu amene wapeza womva chinenero chake. "Ehe, ndiye zakhala bwino. Inu ndinu mwamuna, mukudziwa mmene banja limayendera. Mbale zikakhala m'dengu limodzi sizilephera kugundana."

Ndinafunsa za a Victim Support, nthambi ya polisi yothandiza ochitidwa nkhanza. Anati lero n'Loweruka, kulibe, tidzawapeze mkati mwa sabata. Ndiye anakoka kabuku kena kakang'ono, nalemba call-out, kapepala koitanira munthu ku polisi: dzina la alamu, tsiku la Lolemba, nthawi 09:00. Anadinda chidindo, nang'amba, natambasula dzanja.

"Mukawapatse. Abwere tidzakambirane."

Alongo anakayang'ana kapepalako ndi diso limodzi lija, manja ali pa chifuwa.

"Ndikawapatse ine?"

"Nanga ndani? Motoka yatuluka, mafutanso ndi vuto. Si amuna anu? Si mumagona nyumba imodzi?"

Panali kachete kochepa. Kenako alongo analandira ndi manja awiri, bondo litapinda pang'ono, monga anatiphunzitsira amayi kulandira chinthu kwa wamkulu. Anakapinda kanayi kapepalako, nakamangirira pa nsonga ya chitenje, pa mfundo paja amasungapo tchenji cha ku msika.

Khutu lija palibe analiyang'ana. Kumsana palibe anafunsa. Za chipatala palibe anatchula.

Ndipo ine, mphunzitsi wa sukulu, munthu wowerenga nyuzi ndi kutsutsa boma pa WhatsApp, ndinawerama pang'ono n'kunena kuti, "Zikomo kwambiri bwana."

Zikomo wanga uja

Kwa nthawi yaitali ndinkadziuza kuti ndinathokoza chifukwa cha mantha, kuti munthu wamba akaima pamaso pa yunifolomu lilime limafewa lokha. Bodza. Ndinathokoza chifukwa mtima wanga unapepuka. Ofisa uja ananena zimene ndinkafuna kumva kuyambira pa njinga yamoto paja.

Ife kwathu ndi kwa Mpezeni, kumene mkazi amalowoledwa ndi ng'ombe. Alongo anga ndi aakulu kwa ine ndi zaka zisanu ndi chimodzi. Pamene ankakwatiwa ine n'kuti nditangomaliza Grade 12, ndipo mwa ng'ombe zimene zinalowa m'khola la atate, ziwiri zinagulitsidwa kuti ndipite ku koleji. Palibe ananenapo mokweza, koma pabanja aliyense amadziwa. Satifiketi imene ili pa khoma panga inachokera ku khola la kwawo kwa alamu. Ndiye pamene ndinaimirira pa kauntala paja, m'mutu mwanga munali atate, munali msonkhano wa mabanja awiri pansi pa mtengo wa mango, munali funso lakuti ng'ombe tidzazibweza ndi chiyani. Khutu la alongo linabwera pambuyo pa zonsezi.

Sindinali ndekha m'maganizo amenewo, ngakhale zimenezo sizindichotsera mlandu. Kafukufuku wa boma wa za chiwerengero cha anthu ndi zaumoyo wa 2018 anapeza kuti mwa amayi 100 alionse amene anakwatiwapo m'Zambia, 47 anachitidwapo nkhanza ndi amuna awo, kaya kumenyedwa, kuzunzidwa m'maganizo kapena kukakamizidwa za kuchipinda. Amayi ochuluka chotero sangamenyedwe popanda alongo awo ambiri oti zikomo bwana. Tonse tinakulira m'mawu omwewo: banja ndi kupirira, za m'nyumba saulula, ndipo ena amafika ponena kuti nkhonya ndi mankhwala a banja. Ofisa uja anakulira momwemo. Atavala yunifolomu mawuwo sanawasiye kunyumba.

Titatuluka ndinawagulira alongo Panadol ndi mankhwala opaka pa ka drug store. Kuchipatala sitinapite, poti ndinkadziwa kuti akatifunsa pepala la ku polisi, ndipo pepala limene tinali nalo linali la mtundu wina.

Lolemba

Kapepala kaja kanagona pa mfundo usiku umodzi kunyumba kwanga. Lamlungu masana alongo anati akupita, ana ali okha. Ndinawaperekeza mpaka pa msewu chabe. Mmene anakaperekera call-out ija anandiuza patapita miyezi: anaiika pa tebulo pambali pa mbale ya nsima, iwo n'kukaima pafupi ndi chitseko. Alamu anawerenga, naseka, nafunsa kuti, "Ndiye wayamba kundipititsa ku polisi?" Usiku umenewo sanawamenye. Anangokhala pa mpando mpaka mbandakucha, nyali ili chiyakire, akuwayang'ana.

Lolemba alamu anabwera atavala jekete, ali ndi amalume awo ndi mkulu wina wa mpingo. Anatilowetsa tonse m'kachipinda kamodzi, alongo ndi amuna awo pa benchi imodzi, mapewa akugundana. Ofisa yemwe uja anayamba ndi kunena kuti iye sakonda kuona mabanja akutha. Anawadzudzula alamu ndithu, anati mwamuna weniweni samenya ndi chingwe. Alamu anapepesa, anati anali Satana ndi mowa. Kenako anafunsa alongo, pamaso pa amuna asanu, kuti, "Mayi, mwawakhululukira kapena tipitirize?"

Mukanakhala inu mukanayankha chiyani?

Tinagwirana chanza. Mkulu wa mpingo anapemphera. Kunja alamu anagulira aliyense zoziziritsa kukhosi, ndipo ine ndinamwa.

October

Ulendo wachiwiri sanaimbe foni ndi aneba. Amene anabwera anali mwana woyamba wa alongo, mtsikana wa zaka 13, wapansi, dzuwa la October likuswa mtengo, kudzandipeza kusukulu. Amake anali atathyoka mkono. Anatchinga nawo mpini wa khasu umene unkalunjika kumutu.

Tsikulo linali Lachitatu, ndipo sitinaime pa kauntala. Ndinafunsa ofesi ya Victim Support n'kulunjika komweko. Munali sajeni wachimayi, wamng'ono kwa ine, tebulo lake litadzaza mafayilo omangidwa ndi ulusi. Anawayang'ana alongo kamodzi n'kuimirira kukawakokera mpando. Kenako anandiyang'ana ine.

"Inu ndinu ndani?"

"Mlongo wawo."

"Chabwino. Tidikireni panja, amalume."

Zinandiwawa. Ndine amene ndinawabweretsa, ndine amene ndinalipira taxi. Koma chitseko chinatsekedwa, ndipo m'mphindi makumi anayi zimene ndinakhala pa khonde alongo ananena zinthu zimene sanandiuzepo ine, zimene sakanazinena ndili pomwepo. Zinayamba chaka chachiwiri cha ukwati. Panali mimba imene inapita padera, ife tinkati ndi malungo.

Atatsegula, sajeni anali ndi Form 32 m'manja, pepala limene dokotala amalembapo zimene wapeza m'thupi la wovulazidwa. Anati tipite kuchipatala pompano, tikabwere nayo itasainidwa, ndipo tisalipire kalikonse. Anajambula mkono ndi foni. Anafunsa kuti mpini uja uli kuti, ndi kuti ana agona kuti usiku umenewo. Anatenga sitetimenti ya mtsikana uja payekha, mofatsa, atamupatsa madzi akumwa.

Kenako anafunsa funso limene linandimaliza: "Mwati munabwerapo mu June. Medical report ya nthawi imeneyo ili kuti?"

Panalibe. Anatuma munthu kukafufuza m'mabuku a ku positi kuja. Zimene zinapezeka ndi mzere umodzi: mkangano wa m'banja, mbali zonse zakambirana, nkhani yatha. Doketi, fayilo ya mlandu, sinatsegulidwe. Chingwe cha ayironi sichinalembedwe paliponse, magazi a m'khutu sanalembedwe. Dokotala wa mu October anapeza kuti khutu lakumanzere linaboola mkati ndipo silikumva bwino, koma analemba kuti ndi bala lakale. Lakale la liti, wachititsa ndani, pepala silikanatha kunena. Akuluakulu amati mlandu suola. Mwina ku mudzi, kumene anthu amasunga nkhani m'mutu. Ku khoti mlandu umayenda ndi umboni, ndipo umboni wa pathupi la munthu umapola m'masabata awiri. Mizere ya kumsana ija inali itazimirira kalekale. Pamaso pa lamulo, usiku wa mu June uja sunachitike.

Zimene ndinawerenga pa khonde

Tikudikira X-ray ndinatsegula foni n'kuyamba kuwerenga lamulo limene ndinkangolimva pa wailesi, la Anti-Gender-Based Violence Act la 2011. Ndinawerenga ndi manyazi, chifukwa si lalitali ndipo silovuta kumva. Ndikanatha kuliwerenga mu June.

Lamuloli limanena zimene wapolisi ayenera kuchita akalandira dandaulo lotere. Afunse onse okhudzidwa ndi mboni, kuphatikizapo ana. Alembe dandaulo mwatsatanetsatane. Athandize wovulazidwa kupeza chithandizo cha kuchipatala, ndipo chithandizocho pa chipatala cha boma pamodzi ndi medical report n'zaulere. Amuthandize kupeza malo otetezeka, amuperekeze kukatenga katundu wake ngati pakufunika, amulangize mmene angasungire umboni. Ndinayang'ana paliponse pamene pakunena za kufunsa kuti munawalakwira chiyani, kapena kuti ankhoswe akudziwa. Palibe. Ndipo ntchito zimenezi lamulo silinazisiyire a Victim Support okha kuti Loweruka zizidikira; limanena za wapolisi, aliyense amene dandaulo lamupeza.

Za kukambirana zilimo, zoona. Mlandu umene si waukulu kwambiri ungathe kuthetsedwa mokambirana ngati wodandaula wafuna. Koma amene amautumiza kokambiranako ndi khoti, nkhani italembedwa kale, osati munthu wa pa kauntala cholembera chili chigonere. Mulinso za protection order, chikalata cha khoti choletsa wankhanza kuyandikira kapena kuopseza, chimene alongo akanatha kupempha ngakhale asanaganize zothetsa banja. Palibe anawauza kuti chinthu chotero chilipo. Anawapatsa njira ziwiri zokha: kumanga atate a ana, kapena kukhululuka.

Chimene chinandipweteka kwambiri n'chakuti zonsezi si zatsopano. Nthambi ya Victim Support inakhazikitsidwa mu 1994. Makhoti ofulumizitsa milandu ya nkhanza zotere anayambira ku Kabwe mu 2016, ndipo pambuyo pake Chipata inalandira lake. Nambala ya foni ya 933, yopemphera thandizo pa nkhanza zotere, ndi yaulere. Kuli ngakhale Police Public Complaints Commission, kumene munthu angakadandaule za khalidwe la wapolisi. Nyumba yonse inamangidwa, zipinda zake zilipo, koma munthu amalowera pa khomo, ndipo pa khomo tinapezapo nkhoswe wovala yunifolomu.

Kumbali yawo

Sindikufuna kunama kuti ofisa wa imvi uja ananena zopanda pake zokhazokha. Zina mwa zimene analosera zinachitika ndithu.

Alamu anagwidwa Lachinayi. Motoka inalibedi mafuta. Sajeni anapita ndi mnzake pa taxi imene ndinalipira ine, ndipo ndikudziwa kuti mayi wopanda mlongo wa pa malipiro akanathera pomwepo. Pofika Loweruka achibale a alamu anali atadzaza pakhomo panga. Atate anaimba foni kuchokera kumudzi. Azakhali anabwera okha ndi basi kudzanena kuti mkazi womangitsa mwamuna wake sakwatiwanso, ndi kuti ana adzakula akuloza amawo chala. Eni nyumba ankafuna lendi. Lolemba m'mawa alongo, mkono uli m'pulasitala, anandiuza kuti ndiwaperekeze akachotse mlandu.

Ndiye ndimamvetsa chifukwa chake wapolisi amene waona zimenezi kwa zaka makumi awiri amaika cholembera pansi. Watsegulapo madoketi ambiri, wayendapo wapansi kukagwira munthu, kenako wodandaula osaonekanso ku khoti, kapena kukaima pamaso pa majisitireti n'kunena kuti anagwa yekha pa chitsime. Munthu amatopa. Amayamba kudumpha zapakati n'kuthamangira ku mapeto amene akuwadziwa kale. Koma mapetowo amawathandiza yekha kuti afike. Mayi amene wafunsidwa pa gulu kuti analakwa chiyani, n'kutumidwa kukapereka yekha call-out, waphunzira kale kuti kuno kulibe womuimira. Akadzachotsa mlandu, ofisa amati mwaona, ndinanena.

Sajeni uja sanawakalipire alongo. Anawakhazika pansi, ine ndili panja kachiwiri, ndipo pambuyo pake alongo anandiuza zimene ananena. Anati doketi yapita kale, iye alibe mphamvu yoing'amba, ngati akufuna kukhululuka akanene okha kwa majisitireti. Anawafunsa kuti chimene akuopa kwenikweni n'chiyani, njala kapena achibale kapena bamboyo. Anawauza za protection order, ndiponso kuti ndalama yosamalira ana angathe kuipempha ku khoti kaya banja lilipo kaya latha. Pomaliza anawaonetsa chithunzi cha X-ray n'kuwafunsa kuti mkonowo ukanapanda kutchinga, mpini ukanafikira pati.

Chinanso chimene ndinachiona: alamu nawonso anawamvetsera. Anatenga sitetimenti yawo yonse, mmene ankanenera kuti alongo ndiwo anayamba kuwaponyera poto. Anapita kukafunsa aneba a mbali zonse ziwiri, anaona chitseko chothyoka, anatenga mpini. Atapeza anthu owaimira anawapatsa bondi ya polisi, yaulere monga zikwangwani zimanenera, achibale anga ena n'kumadandaula kuti wadya ndalama. Sanadye. Ankangofufuza, ndipo kufufuza kumateteza onse awiri. Pali amuna amene amanamiziridwa banja likamatha, aliponso amene amamenyedwa ndi akazi awo n'kukasekedwa pa kauntala pomwepo. Onsewa chimene chingawapulumutse n'chimodzimodzi ndi chimene alongo anamanidwa mu June: munthu wolemba zimene wamva, kupita kukaona, n'kusiya dokotala anene zake.

Khutu lakumanja

Mlandu unali wovulaza munthu, umene chilango chake chingafike zaka zisanu. Alongo sanauchotse. Anaima m'khoti mawu akunjenjemera, mwana wawo anaperekanso umboni. Alamu anapezeka olakwa, koma poti m'mabuku munalibe china chilichonse chokhudza iwo, anawaona ngati munthu wolakwa koyamba. Anawapatsa chilango choimikidwa, n'kubwerera kunyumba tsiku lomwelo. Pamene ankawapepesera kuti ndi koyamba, alongo anatembenuka n'kundiyang'ana. Sananene kanthu.

Banja linathera ku local court chaka chotsatira. Za ng'ombe zinakambidwa kwa miyezi, ndipo imodzi ndinaibweza ine ndi ngongole imene ndamaliza posachedwapa. Kumudzi alipo amene mpaka lero amati ndine ndinapasula banja la alongo anga chifukwa cha sukulu yambiri. Ndikapita ku Nc'wala ku Mtenguleni ena amandipatsa moni wa kumbali.

Ofisa wa imvi uja ndinakumana naye kamodzi ku Down Shops, atavala zakunyumba, akugula misomali. Anandikumbukira. Anandigwira dzanja ndi manja awiri n'kufunsa kuti, "Amalume, kunyumba kuja zinakhala bwino?" Ankafunsa ndi mtima wonse. Ndinayankha kuti alongo ali bwino, n'kupitiriza ulendo. Ku Complaints Commission sindinapite. Ndikanakalemba chiyani chimene ine mwini sindinachivomereze ndi zikomo?

Alongo tsopano amagulitsa nshawa ndi nyemba ku Saturday Market. Ukawalankhula uli kumanzere kwawo sayankha; makasitomala atsopano amayesa ndi amwano, akale amadziwa kuzungulira. Tikamayenda limodzi amandikokera kumanja kwawo osanena kanthu, ndipo ndinazolowera.

Mwezi wathawu mtsikana wina wogulitsa tomato pafupi ndi benchi yawo anabwera m'mawa mlomo utang'ambika. Alongo anandiimbira foni kuti ndibwere ndi ya taxi. Ndinapempha chilolezo kusukulu n'kuthamanga. M'njira monse ankamulangiza, mawu ali pansipansi: usayambe ndi kufotokoza za mkangano, yamba ndi kuonetsa bala, upemphe Form 32 usanakhale pansi, akakufunsa za ankhoswe unene kuti wabwera ku polisi, akakupatsa call-out usalandire, uwauze akapereke okha.

Titafika pa geti ndinatsika kuti ndilowe nawo. Alongo ananditchinga ndi mkono uja unathyoka.

"Iwe tsala pano. Usunge mabasiketi."

Ndinatsala, dengu la tomato lili pa mapazi anga, mpaka ma 11.